Ndowa ya a Elson

Lolemba, 3 Juni

Chisanu chodula zala. Mbatatesi zanga zonse zagulidwa. Wogula, venda wa ku Tsangano wa chipewa chofiira, dzina a Elson. Anabwera ndi ndowa yawoyawo. Ndowa yanji imeneyo. Ya pulasitiki, yoviika m'madzi otentha n'kuiponda mpaka mimba kutuluka ngati mayi woyembekezera mapasa. Ine kuthira, iyo kumeza. Ndinafunsa ngati pansi pake pali dzenje lotulukira ku Mozambiki. Iwo kuseka, akuti, "Agogo, ndowa ndi ndowa."

Madzulo kukonola chimanga ndi mnzanga Lufina. Mkwiyo wonse unatsikira m'munsi. Kenaka nyimbo inangotuluka yokha:

Ndowa ya a Elson, mayi ine,
ilibe pansi.
Thira, mwanawe, thira,
munda watha, ndowa sinakhute.

Lufina kuvomereza "ilibe pansi" mpaka kutsamwa ndi kuseka. Mtima unatsika.

Lachinayi, 6 Juni

Amuna anga a Silvester atsitsa gitala yawo ya ku Joni. Ija anabwera nayo ku migodi m'malo mwa bulangeti limene ndinawatuma. Nsambo zisanu, imodzi ndi waya wa buleki ya njinga. Zaka zonsezi munthu amadziwa makiyi atatu basi. Nyimbo ya maliro, atatu omwewo. Ya ukwati, omwewo.

Ndinawanena kuti ngakhale tambala amasinthako mawu akakula. Iwo akuti, "Woyamba ndi pakhomo, wachiwiri wanyamuka, wachitatu uli pamsika ukufuna kubwerera. Ukabwerera pakhomo nyimbo yatha. Wachinayi ndikatani naye, NaGama, kukwatira mitala?"

Koma zoona, nyimbo yanga yakwana bwinobwino m'makiyi awo. Pa "ilibe pansi" m'pamene amafika pamsika paja. Ndinavina pang'ono. Bondo kundikumbutsa zaka.

Loweruka, 15 Juni

Pa mjigo atsikana akupopa madzi ndi nyimbo yanga. Kuchigayo, yomweyo. Ana a sukulu awonjezera kuwomba m'manja kuwiri pakati. Mkazi wa mnansi wathu Nicholas waikamo ndime ya sikelo ya ogula soya, yosalongosoka, koma ndamusiya. Wina anajambula amuna anga pa foni akuimba pakhonde, akuti yafika ku Mlangeni.

Ine amene sukulu ndinalekezera Sitandade 3. Lero ndayenda ngati mwini golosale.

Mafuta ophikira atha. Sopo watsala kachidutswa ngati lilime la mphaka.

Lamulungu, 23 Juni

Mdzukulu wanga Sheila wabwera kuchokera ku Boma kumene amasoka zovala. Nkhope kuwala. Wapeza mwamuna, Chrispine, wowotcherera zitsulo. Chinkhoswe pa 20 Julayi, pakhomo pano. Ndinalulutira mpaka nkhuku kuthawa. Mwana ameneyu ndinamlera ndekha mayi ake atatisiya.

Ndiye ndikufunsa za kwawo kwa mnyamatayo. Nayenso wamasiye, akuti. Anamlera ndi malume ake, ndiwonso nkhoswe, ndipo Chrispine sachita kanthu iwo osavomera. Malumewo amakhala ku Tsangano. Amagula mbatatesi. Savula chipewa chofiira ngakhale kutenthe.

Nthawi yomweyo ana kuseri kwa nkhokwe: "Ndowa ya a Elsooon."

Sheila anangondiyang'ana. Sanalire. Bola akanalira.

Lachitatu, 26 Juni

Tulo osabwera. A Elson akamva kuti wotukwana ndowa yawo dera lonse ndi gogo wake wa mkwatibwi, adzabweza tambala wawo pachipata. Mwana wanga adzakhala wosekedwa chifukwa cha pakamwa panga.

Ndayenda mudzi wonse kuletsa. Pa mjigo ndati aliyense woimba ndimuthira madzi. Anasiya, nditangokhota pa mpanda anayambanso, motsitsa. Ana ndawapatsa nzimbe kuti aiwale. Adya nzimbe, akuimba ndi zotsalira m'kamwa.

Lufina akuti, "Nyimbo si mbuzi yoti muimange pa chikhomo, anzanga. Inadula chingwe tsiku lomwe lija."

Gitala ndaibisa m'nkhokwe. Bambowa akuyenda ngati amasiye, zala zikungogwedera pa bondo. Makiyi atatu omwewo, ndikuwaona.

Lachisanu, 5 Julayi

Ku Boma kukatenga mankhwala a BP. Kuchokera pa depoti ndinakwera kabaza. Mnyamata akupalasa, akuimba. Ndinatchera khutu. Nyimbo yanga. Koma mawu ena:

Mimba ya bwana, mayi ine,
ilibe pansi.

Ndinamufunsa kuti waitenga kuti. Akuti ndi ya ku Balaka, anapeka ndi mnyamata wina wa bandi. Ku Balaka! Ndinatsala pang'ono kumukoka khutu, koma tinali pa mtsetse.

Pa mzere wa kuchipatala mayi wina akutonthoza nayo mwana: "Tulo ta mwana tilibe pansi." Imeneyo yokha ndinaikonda.

Sheila sindinamupeze pa shopu. Kapena anandiona n'kubisala, kaya.

Lamulungu, 14 Julayi

Kutchalitchi amayi a kwaya aimirira, manja m'mwamba: "Chifundo cha Ambuye chilibe pansi, thira, Mbuye, thira." Abusa kugwedeza mutu mwaulemu. Ine ndi Lufina sitinayang'anane, tikanatulutsidwa.

Ndabweza gitala, mbewa zinayamba kuidya. Bambowa akuti nyimbo ya makiyi atatu ili ngati ngolo, aliyense amakwezapo katundu wake, wa mnzake n'kutsitsa. Dzina la munthu ndilo limayamba kugwa chifukwa kutaliko sakumudziwa. Mwina. Koma m'mudzi muno ana akadali ndi a Elson pakamwa, ndipo chinkhoswe chili muno, osati ku Balaka.

Ndagula msoti woyera wopereka kwa akuchimuna. Wodula ngati mbuzi. Thobwa tiyamba Lachitatu. Ndalonjeza Sheila pa foni kuti tsikulo pakamwa panga padzakhala ngati pa thumba losoka. Anangoti, "Tidzaona, agogo."

Lamulungu, 21 Julayi

Dzulo. Ndilembe bwino, miyendo ikadali kuwawa.

Akuchimuna anafika pa lole, chipewa chofiira patsogolo. A Elson anandipatsa moni wa manja awiri. Sindikudziwa ngati anandizindikira, agogo ogulitsa mbatatesi ndife ambiri. Zonse zinayenda. Atsikana atatu ofundidwa zitenje, iwo anakana awiri, wachitatu n'kuvundukula Sheila. Nthungululu. Tambala kwa ife, msoti kwa iwo. Ndinayamba kupuma.

Kenaka magetsi a zokuzira mawu anathima, mafuta a jenereta atha. Anthu akuti a Silvester atenge gitala. Ndinawaponyera diso loti mukayerekeza. Iwo anayamba ya ukwati yakalekale, yaulemu. Koma makiyi ndi omwe aja. Pakhomo, kunyamuka, pamsika. Atangofika pamsika, ana onse pamodzi: "Ilibe pansi!"

Sheila anagwira dzanja la Chrispine. Ine ndinaona manda anga.

Woyamba kudumphira m'bwalo ndani? A Elson. Chipewa chosavulidwa chija chili m'manja, fumbi kobo, akutsogolera okha:

Ndowa ya mzungu, mayi ine,
ilibe pansi.

Akuchimuna onse kuvomereza, ndiye kuti ku Tsangano amaimba choncho. Mawu awo anaphimba ana athu. Pofika ndime yachiwiri ana nawonso anali pa mzungu. Lufina anagwa pa mphasa.

A Elson atatopa anadzakhala pafupi nane, thukuta kamukamu, chikho cha thobwa m'manja. Akuti, "Nyimbo iyi ndi yamakolo, mayi. Malemu mayi anga ankaimba pa mtondo, kunena azungu ogula fodya. Ana a lero sangapeke yotere."

Mayi awo. Pa mtondo.

Mawu anafika pa mano penipeni. Bambowa anandiponda chala. Sheila akundiyang'ana kuchokera pa mpando wake, maso ngati a mwana wa mbuzi. Ndinameza. Ndinati, "Anali aluso mayi anuwo."

Anavomera, misozi m'maso.

Ukwati mu Okutobala. Sheila pochoka anandikumbatira, akuti thumba linasokedwadi.

Lachiwiri, 23 Julayi

Alendo onse apita. Mapoto a eni ake ndabweza, limodzi labooka, adziwa okha. Tambala wa akuchimuna tamudya, wolimba ngati tayala.

Nyimbo ndaluza. Ya ku Balaka, ya Ambuye, ya malemu mayi a Elson. Yanga ayi. Palibe kanthu, mwana akukwatiwa.

Koma m'mawa pokonola, ine ndi Lufina, munsi unayamba kuyankhula wokha. Za munthu wina wovina nyimbo yomunena, n'kuipatsa mayi ake. Lufina wapeza kale povomereza. Bambowa amva ali kukhola, ndawaona akupita kukamanga nsambo.

Dzina sindiikamo, ndaphunzira. Koma chipewa chofiira chokha chikukwana bwino pa kiyi wachitatu, ndipo mpaka Okutobala ndi kutali.