Makalata a Dongo Pansi pa Khola

Lolemba, 6 Okutobala 2025

Ndafika. Zaka khumi ndi ziwiri m'tenti ku Lebanoni, lero ndikulemba nditatsamira khoma langalanga. Mwa zipinda zisanu za dothi zimene amuna anga a Marai anaumba, zitatu zili chilili. Chitseko palibe, koma kiyi ndili naye pakhosi. Ndaseka ndekha ngati wamisala. Mulungu ayamikike, anzanga ena apeza dzenje lokha.

Mtengo wa makangaza uli moyo. Zipatso zisanu ndi chimodzi. Sindikudziwa wapirira bwanji chilala chonsechi.

Choipa nchimodzi. Jadan wa nyumba yoyandikana nafe anamanga khola la nkhosa pabwalo langa. Denga la malata, mpanda wa miyala, galu pakhomo. Ndendende pamene panali uvuni wanga wa buledi.

Ndilembe pano, poti kope lilibe pakamwa. Pansi pa kholalo pali mgolo. Mu mgolo muli makalata a dongo makumi anayi ndi imodzi, olembedwa zaka pafupifupi zikwi zinayi zapitazo, amene akatswiri ofukula zakale anapeza pa Chulu chathu, kaphiri ka mabwinja a mizinda yakale, chaka chawo chomaliza. Nkhondo itabuka sanabwererenso. A Marai anali mlonda wa nyumba yosungiramo zinthuzo. Anthu a mfuti atayamba kufunsafunsa, tinaukwirira mgolowo awiriwiri tsiku la chimphepo cha fumbi, masana, munthu osaona ngakhale dzanja lake. Patatha sabata tinathawa.

Amene anafalitsa kuti a Marai anagulitsa makalatawo ku Turkey ndi Jadan yemweyu. Mawu anatilondola mpaka ku tenti. Amuna anga anamwalira nawo mawuwo, zaka zitatu zapitazo. Ndabwerera nyumba, inde, koma makamaka ndabwerera dzina lawo.

Lachitatu, 8 Okutobala

Khazna, mkazi wa Jadan, wabweretsa buledi wotentha ndi mphika wa chambiko. Wakalamba, nanenso ndakalamba. Tinalira titakumbatirana. Atachoka ndinayang'anitsitsa buledi uja, mtima ukuti usadye. Mimba inapambana. Anali wokoma, ndisaname.

Madzulo ndakwera Chulu. Maenje okhaokha a akuba, ngati nkhope ya wodwala nthomba. Koma khoma lija la ngalande yaikulu imene akatswiri anakumba likuonekabe, mizeremizere. Zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi ndinkatsuka mapale pamenepa nkumalemba manambala ndi inki. Kulemba kwanga konse kunachokera pomwepa. Mayi wa magalasi uja, mkulu wa ntchito, ankatiwerengera khomalo ndi ndodo: apa mzinda, apa phulusa, apa anamanganso, apa phulusa lina. Aramu, Aroma, Aluya, Aturuki, aliyense ndi mzere wake wakuda. A Marai ankati ife anthu a kuno ndife osamva, atiotche kangati timangabe pamalo pomwepo.

Pobwera ndasesa chipinda cha kum'mawa. Phulusa lofika m'kakolo. M'kati mwake kapu yanga ya khofi, yopanda chogwirira. Mzere wathu ndi umenewo. Ndaitsuka, ndamweramo.

Gasi wakwera mtengo zoopsa. Ndiziphikira ziputu za mitengo.

Loweruka, 11 Okutobala

Ndapita kwa Jadan. Ndinavala mpango wabwino, ndinalankhula mwaulemu. Ndinati bwalo ndi langa, ndikufuna kumanganso uvuni. Wakana kwa mtu wa galu. Akuti nkhosa zili ndi bere, sizisamuka. Ndiye akundiyang'ana ndi diso lake lonyoza lija: "Mayi a Munzir, zaka khumi ndi ziwiri munadya buledi wopanda uvuni umenewu. Mufa ndi masabata awiri?"

Ndinafuna kumugenda ndi nsapato. Koma ndinganene chiyani? Ndikaumirira, afunsa kuti pansipo pali chiyani. Ndipo anyamata a makina ofufuzira zitsulo akuzungulirabe m'minda, ndawaona awiri dzulo pa njinga yamoto. Khoswe akakhala pa mkhate sapheka.

Dzanja lamanja la Jadan linapindika, zala zitatu zinauma ngati mizu. Munthu amene anali katswiri wa piki pa Chulu chonse, wodziwa kuona khoma la dothi m'kati mwa dothi. Ulonda ankaufuna iye, anapatsidwa a Marai. Nsanje yake inayambira pamenepo, ndikudziwa.

Kusitolo mwana wa malemu Hamud wandipimira shuga, nkunena chapansipansi kwa mnzake kuti a madola a ku Turkey akugula theka la kilo. Ndamva. Ndalipira, ndatuluka mutu uli chilili. Ndalirira kuseri kwa makangaza.

Lachiwiri, 14 Okutobala

Ku mzinda wa Halab pa minibasi. Njira yonse nyumba zopanda madenga, koma zovala zili pa zingwe, ana akupita kusukulu. Anthu osamva aja.

Ku ofesi ya zinthu zakale ndadikira maola atatu. Wandilandira mayi wachitsikana, Lamis, wa msinkhu wa Munzir wanga. Poyamba ankangoyang'ana wotchi. Nditatchula Chulu chathu anatulutsa mapepala, zithunzi za kaundula wakale. Kulemba kwanga! Seveni wanga wopendekeka uja. Ndinamuuza nambala yoyamba ndi yotsiriza pamtima asanatsegule tsamba. Anaika cholembera pansi, anaitanitsa tiyi, anayamba kunditchula kuti azakhali.

M'mbali mwa tsambalo wina analemba ndi pensulo: zinasowa, akuti mlonda anagulitsa.

Ndamuuza zonse. Abwera Lolemba ndi galimoto ndi mboni. Akuti ndisakumbe ndekha, ndisauze munthu. Akuti zikapezeka, mawu a pensulo aja afufuta ine ndikuona.

Ndagula sopo mmodzi wa kuno, wobiriwira mkati. Ndinalibe ndalama yake kwenikweni. Ndanunkhiza njira yonse.

Lachisanu, 17 Okutobala

Sindinamumvere Lamis. Amuna onse ali ku mzikiti, nkhosa zili kubusa, ndinalowa m'khola ndi khasu. Ndimangofuna kuona ngati nthaka inasokonezedwa. Galu sanauwe, wandizolowera poti ndimamuponyera mafupa akabwera ndi Khazna.

Ndowe zouma zofika m'bondo, zolimba ngati simenti. Khasu likungodumpha. Kutembenuka, Khazna ali pakhomo ndi ndowa. Anangoti, "Mchemwali, msana uwo mudzaufuna Lolemba." Natenga khasu m'manja mwanga ngati akulanda mpeni kwa mwana.

Lolemba walidziwa bwanji? Woyendetsa minibasi ndi mlamu wake. Mudzi uno ukatsokomola kumpoto, kumwera amati pepani.

Lamlungu, 19 Okutobala

Maganizo awiri akundidya.

Loyamba, madzi. Makalatawo ndi dongo losaotcha. Tinawakulunga m'thonje, m'timabokosi ta pulasitiki, chivundikiro tinamata ndi phula. Koma madzinja khumi ndi awiri! Madzi akalowa, mupeza phala.

Lachiwiri ndi loipa kuposa. Bwanji ngati Jadan anakumba kalekale, nagulitsa yekha, bodza nkulikoloweka pa a Marai, khola nkumangapo kuti abise dzenje? Nkhosa makumi atatu anazigula ndi chiyani? Tikapeza dzenje lopanda kanthu pamaso pa mboni, ndiye kuti ndawakwirira kachiwiri amuna anga, ndi manja angawa.

Munzir waimba kuchokera ku Lebanoni. Akuti amayi siyani, akufa safuna mapepala. Ndamuuza kuti ana ake adzafuna.

Ndathyola khangaza limodzi. Lotsekemera. Pa tsinde pali kamgula kokumbidwa bwino, ka munthu wothirira. Ndakaona lero lokha.

Lolemba, 20 Okutobala

Ndilembe mwa dongosolo.

Ndinadzuka kumva piki. Nkhosa zatulutsidwa kale, malata atatu achotsedwa, ndowe zaunjikidwa kunja. Jadan ali m'kati, wavala chipewa chake chakale cha pa Chulu. Galimoto ya Lamis inafika dzuwa litakwera, ndi amuna awiri ndi kamera. Theka la mudzi pa mpanda, mwana wa Hamud kutsogolo.

Lamis anandifunsa malo. Ndisanatsegule pakamwa, Jadan anagwada, anapala nthaka ndi kachipande ka omanga ku dzanja lamanzere, nawaza madzi pang'ono. Kenako anajambula mzere wozungulira. Pomwepo. Osaphonya ndi chala chomwe.

Pansi pa ndowe panali miyala yafulati yoyalidwa bwino, pansi pake pepala lakuda la pulasitiki. Ife sitinaike zimenezo. Pansi pake dothi louma ngati ufa. Kenako chivundikiro, phula la a Marai lili momwemo, chidindo cha chala chawo chachikulu chikuoneka m'mphepete.

Lamis ankatulutsa, ine ndikutchula manambala. Makumi anayi ndi imodzi. Ngakhale imodzi yosweka. Ndinakhala pa ndowe ndi diresi yanga yabwino.

Lamis anatulutsa tsamba lija la kaundula, anafufuta pensulo pamaso pa onse, nalemba ndi inki dzina la a Marai lonse, ndi langa. Anawerenga mokweza. Mwana wa Hamud anayang'ana nsapato zake.

Zinazo wandiuza Khazna, tikutsuka makapu. Tsiku la fumbi lija Jadan ankafuna bulu wake wosochera, anationa pa mpanda. Titathawa, anthu a mfuti anamutenga, poti ankadziwa kuti ndi wa pa Chulu. Masiku anayi. Zala zija ndi za masiku amenewo. Akanati sindikudziwa, akanakumba mudzi wonse kuyambira pabwalo lathu. Ndiye anawapatsa nkhani yoti aikhulupirire: mlonda anagulitsa, ndalama anadya, anathawa. Anailankhula ndi mkwiyo wa munthu wolandidwa ntchito, ndipo mudzi wonse unkadziwa kuti mkwiyowo ulipodi. Anakhulupirira. Atachoka awo kunabwera ena, ndi enanso, ndipo kwa onse nkhani inali yomweyo. Khola anamanga dzinja loyamba, kuopa mvula. Nkhosa zinali ziwiri zokha za make Khazna, zinaswana.

Ndinapita kwa Jadan. Anali akutsuka chipande. Ndinamufunsa chifukwa chake sanatitumizire mawu, ngakhale amodzi. Akuti mafoni ankawafufuza pa zipata zonse, ndipo abale a a Marai akanaleka kumutukwana pa msika, anthu akanadabwa. Ndinati nanga ine, masabata awiri onsewa? Akuti, "Inu mukakondwa, mano amaonekera ku Halab. Anyamata a njinga aja si akhungu."

Kenako anasiya nthabwala. Anati, "Ndinkati akadzabwera ndidzamuuza, anditukwane, tidzamwe tiyi. Ndinachedwa."

Ndinabwerera kunyumba.

Lachitatu, 22 Okutobala

Dzulo sindinalembe. Tsiku lonse alendo, ena amene sanandipatse moni chifikire. Tiyi watha, shuga watha. Bwerani ndithu, ndawalandira onse.

Mtima uli pawiri. Ndikakumbuka a Marai m'tenti muja, atatembenukira ku chinsalu, akufunsa kuti ndinamulakwira chiyani Jadan, ndimafuna kukuwa. Ndikakumbuka zala zija, ndimachita manyazi ndi zimene ndinalemba Lamlungu. Sinding'amba tsambalo. Likhale, nalonso ndi mzere wake.

Lamis waimba. Akuti kalata imodzi mwa makalata a dongo aja inawerengedwa kale ndi mayi wa magalasi. Ndi ya mkazi wina kwa mlongo wake, kudandaula kuti nkhosa za mnansi zalowa pabwalo pake ndipo mwini wake ndi wamakani. Zaka zikwi zinayi. Ndaseka mpaka kutsokomola.

Malata abwerera pa khola, nkhosa zabwerera. Ndazisiya zikhale. Uvuni ndimanga kuseri, pafupi ndi makangaza. Zipatso zisanu zotsalazo ndatumiza kwa Khazna, wothirira adye.

Lachinayi, 23 Okutobala

Jadan anabwera m'mawa kudzapempha nambala ya Munzir. Ndinaganiza kuti akufuna kupepesa kwa mwana. Ayi. Wamupempha kuti apite ku manda a bambo ake masana ano, akagwire foni pafupi ndi mwala wa kumutu.

Munzir anakana kaye. Ndinamuuza kuti apite.

Tsopano Jadan ali panja, wakhala pa mpanda wa khola, wavala mkanjo wake wa Lachisanu, foni yanga ku dzanja lopindika lija. Ndalowa m'nyumba kuti ndisamve, koma chitseko palibe. Wayamba ndi pemphero. Ndiye ndamva akuti, "Marai, ndine. Wabodza uja. Zonse zakwana, m'bale wanga, makumi anayi ndi imodzi, ndipo phula lako silinadonthe ngakhale..."

Sindikuonanso mizere ya kope. Ndikatereke tiyi. Makapu awiri, ina ikhale ija yopanda chogwirira.