Kachitsekerero kamodzi pa mtengo

Lolemba, 24 Seputembala 1979, Luwawa

A Zondwayo Shaba apatsidwa mpaka pa 30 Novembala. Chikapanda kupezeka chifukwa china chimene mitengo ya m'chigawo 14 ikuumira, ntchito yawo yatha, nyumba ya pakampu abweze. Zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi ali kapitawo. Ana asanu.

Bwana wanena pamaso pa anthu onse kuti anaoka mosasamala, anapinda mizu. Wawonjezapo mawu akuti "kuwononga katundu wa boma." Masiku ano mawu amenewa sathera mu ofesi.

Masana ndazula mitengo khumi. Mizu yowongoka, yonse khumi. Chiswe palibe. Paini wa Januwale chaka chatha, wofika m'chiuno. Kuuma kukuyambira kunsonga, mphukira yopindika ngati chogwirira cha ambulera, utomoni uli chuchuchu. Mtengo wopindidwa mizu suuma chonchi.

Ine pano ndine wothandizira chabe. Koma chithunzi cha zimenezi ndinachionapo penapake.

Lachitatu, 26 Seputembala

Ndachipeza. Pansi pa sutikesi, m'kabuku ka ku Zambia kamene ndinabwera nako kuchokera kusukulu ya zankhalango ku Dedza. Kusowa kwa boroni.

Elementi yachisanu pa tchati. Anaipatula koyamba mu 1808, ku Mangalande ndi ku France chaka chimodzimodzicho. Panapita zaka zoposa zana anthu asakudziwa kuti zomera zimaifuna, mpaka mayi wina mu 1923 anaonetsa ndi nyemba zomera m'mabotolo a madzi. Imafunika pang'ono kwambiri. Ikalowa m'tsamba lakale siyendanso, ndiye ikasowa m'dothi, yoyamba kufa ndi nsonga. Dothi lokokoloka ndi mvula yambiri, kenaka chilimwe chouma. Ndi chigawo 14 ndendende.

Ndapita nako kabukuko kwa bwana. "Mabuku saoka mitengo, Chester." Komabe andilola mizere iwiri, mitengo makumi anayi. Akuti ikawonongeka, dzina lolembedwa ndi langa. Ndavomera.

Loweruka, 29 Seputembala

Ku Mzimba boma pa lole ya matabwa. Fumbi mpaka m'mano. M'masitolo borakisi, ufa wokhala ndi boroni, mulibe, ena sanamumvepo n'komwe. Ndamupeza kwa Cosmas, wowotcherera njinga kuseri kwa msika, amene amaviikamo waya wake kuti chitsulo chigwirane bwino. "Ada, mitengo yanu yathyoka, mukufuna mukaiwotcherere?"

Ufa woyera m'chitini cha mkaka, chopanda dzina. Akhoza kukhala soda. Sindinafune kungokhulupirira. Tinatseka chitseko cha shedi, kaufa pang'ono m'sosala, madontho a asidi wa m'batire, sipiriti, machesi. Lawi lobiriwira m'mbali monse. Boroni ndithu. Cosmas anabwerera m'mbuyo, akuti ku Dedza kodi timaphunzirako zankhalango kapena zinazake.

Ndakondwa kuposa mmene munthu wa zaka makumi atatu ayenera kukondwera ndi moto wa m'sosala.

Lachiwiri, 2 Okutobala

Tayamba. Mzere woyamba: kachitsekerero ka botolo kamodzi ka borakisi, kusungunula m'kheni ya madzi, kuthira mozungulira mtengo, kutali ndi tsinde. Mzere wachiwiri: madzi okha, muyeso womwewo. Kuthirira kawiri pa mlungu, mizere yonse. Ndazika zikhomo, chofiira ndi choyera.

A Zondwayo anagwira kheni okha, sanalole mnyamata aliyense. Anayang'ana kachitsekereroko nthawi yaitali. "Adada, kakang'ono aka mbwenu ndiko kandisungire ntchito?" Ndati inde. Anafunsanso za mzere wachiwiri, kuti walakwa chiyani. Ndati ndi wofananizira. Anati yewo. Ndinali pa changu, lole ya kunazale inali kundidikira.

Chitini chatsala ndi ufa wambiri. Ndachisiya m'sitolo ya zida. Makiyi amasunga iwowo.

Lachisanu, 19 Okutobala

Mzere woyamba palibe chosintha, ndipo sindimayembekezera chilichonse msanga. Koma mzere wachiwiri masamba apsa kunsonga, achikasu, ena ofiira, kuyambira akale a m'munsi. Madzi okha sangachite zimenezi. Mitengo khumi ndi inayi yotsatizana. Isanu ndi umodzi ya kumapeto ili monga inalili.

Ndafukula ndi chala patsinde. Ufa woyera, wogwirana ngati mchere wonyowa.

Chitini m'sitolo chili mbee, ufa mulibe.

Lamulungu, 21 Okutobala

A Zondwayo abwera okha titatuluka m'tchalitchi, chipewa m'manja. Sanakhale pampando. Akuti anathira ufawo pa 5 Okutobala, anthu ataweruka. Kapu ya feteleza wa fodya, yodzaza, pambali pa tsinde, monga amachitira kumunda kwawo ku Edingeni. Ufa unathera pa mtengo wa khumi ndi chinayi.

Mawu awo sindiwaiwala. "Ndapota adada. Ana awiri akudwala nthenda imodzi m'nyumba imodzi, inu mupatse mankhwala mmodzi, wina azingopenya? Ine yayi."

Ndinafuna kukalipa. Ndawerenga kumbuyo zimene ndinalemba pa 2. "Ndati ndi wofananizira." Basi. Kabuku kanena momveka kuti pa boroni, pakati pa kusowa ndi kupha m'pafupi kwambiri, kuposa pa feteleza aliyense amene iwo anagwirapo. Ine ndinkadziwa. Sindinawauze. Ndinaganiza kuti kapitawo n'ngomvera, kufotokoza n'kwa ife opita kusukulu. Munthu woti ntchito yake ili pa mitengo imeneyi ndinamusiyira chitini ndi makiyi, osamusiyira chifukwa.

Lero ndafotokoza, ola lathunthu, ndi nyemba za mayi uja zomwe. Anamvetsa msanga. Funso lawo: nanga isanu ndi umodzi yotsalayo siikwana kufananizira? Ndi yochepa. Koma ilipo. Tipitiriza kuthirira.

Lachinayi, 15 Novembala

Mphukira! Mzere woyamba, khumi ndi isanu ndi iwiri mwa makumi awiri. Zowongoka, zobiriwira bwino, yaitali kwambiri ngati chala changa chapakati. Isanu ndi umodzi ya madzi okha: iwiri yaphukira mopindika n'kuumanso, inayi palibe kanthu. Khumi ndi inayi ija, isanu ndi inayi yafiratu.

Ndayeza kawiri. A Zondwayo amagwira lula, ine kulemba. Pobwerera anayimba kanyimbo kachingoni chapansipansi, koyamba chiyambire Seputembala.

Mitambo kumadzulo. Mvula ikanadikirako masabata awiri, chifukwa ikagwa chigawo chonse chiphukira ndipo kusiyana kudzaoneka pang'ono.

Lachiwiri, 27 Novembala

Bwana anadutsa pa galimoto dzulo, osatsika. Waona chikhomo chofiira pali mitengo yobiriwira, choyera pali yofa. Lero mu ofesi akuti, "Ndaona, Chester. Yopanda mankhwala ako yafa yonse. Lemba tsamba limodzi, nkhani ithe."

Ndiye njira ilipo. Kungokhala chete. A Zondwayo apulumuka, ine nditamandidwa, palibe wofukula patsinde.

Ndaganiza tsiku lonse. Lipotilo lipita kulikulu. Wina akaliwerenga aona kuti mtengo wopanda borakisi umafa m'masabata asanu ndi atatu, limene ndi bodza. Aitanitsa matumba a borakisi. Akapitawo ena, olima fodya ngati a Zondwayo, atenga makapu awo. Palibe paliponse pamene padzalembedwe kuti kapu imapha. Ndipo mitengo ikadzapsa maekala mazana, adzafuna kapitawo wina womuloza chala.

Mkazi wanga Ethel akuti ndiganize za ana asanu aja. Ndikuwaganiza. Akutinso ndiganize za wathu amene ali m'njira. Ameneyonso.

Lachinayi, 29 Novembala

Mvula sinagwe.

Lipoti latha, masamba atatu, osati limodzi. Magulu atatu: madzi okha, kachitsekerero, kapu. Manambala onse monga alili. Ndalemba kuti kapu anathira ndi kapitawo, ndiponso kuti wothandizira, C. Kamwendo, sanapereke malangizo a muyeso kapena chenjezo, ndipo anasiya mankhwala osawasunga. Zonse ziwiri n'zoona. Mizu khumi yowongoka ija ili pa tsamba loyamba.

Ndawawerengera a Zondwayo ndisanapereke, ndime ndi ndime, ndikumasulira. Anamvetsera mpaka kumapeto. Kenaka: "Dzina langa mwalemba bwino, koma lanu mwalikulitsa chomene." Ndati bwana ananena yekha kuti lolembedwa ndi langa. Anaseka pang'ono. Apempha chinthu chimodzi, kuti kapu ija abwere nayo, aionetse okha pambali pa kachitsekerero, anyamata onse aone.

Akhoza kutichotsa tonse awiri. Akhoza kuchotsa mmodzi. Pa zimenezo ndilibe nambala.

Mawa naini koloko, pa chigawo 14. Ndapempha bwana atsike m'galimoto. Tiyambira pa mitengo yofayo.