Kamwala ka pa Mphanda ya Bwemba

Amayi, kodi mukudzuka bwanji kumene muliko? Ife kuno ku Chapananga tilipo. Kutentha ndi komwe kuja munakusiya, koti anthu ndi mbuzi n'kumalimbirana mthunzi umodzi.

Ndiyambe ndi zokoma. Mpongozi wanu, mkazi wa Zuze, anachira bwino, mwana wamkazi. Tamupatsa dzina lanu, ndipo sitinalakwitse, chifukwa akayamba kulira amamveka ngati akutsatsa masau pamsika. Mapira tinakolola ochepa, mbalame zinatidyera mbali ya kumunsi, komabe nkhokwe sinatichititse manyazi. Mbuzi yanu yamawanga ija yaswa mapasa. Khalidwe silinasinthe, ikadalowabe m'munda mwa a Fombe, ndipo tsopano wokapepesa ndine.

Koma chimene ndakhalira pansi lero ndi nkhani ya sukulu yanu ija. Munatisiyira mlandu, Amayi.

Mukukumbukira maulendo athu a kumsika, ine ndi mlongo wanga Zuze tili ana? Popita tinkasenza mapira, pobwerera miyendo yatupa, dzuwa lapendeka, kumudzi kukadali kutali. Tikayamba kulira munkatula dengu n'kunena kuti, "Matamani, tontholani, ana inu! Simudziwa kuti mayi wanu anaphunzira Sukulu ya Nthawi ku Mozambiki, kuseri kwa mapiri? Dzuwa limandidziwa ine." Inu amene dzina lanu lomwe munkachita kudinda ndi chala! Koma munkaifotokoza mwakuti ndinkaiona ndi maso. Munkati kulibe belu, kulibenso wochedwa, chifukwa mwana akagona kwambiri ahedi ankangoukokera m'mawa kumbuyo pang'ono. Kalasi yoyamba ankaphunzira kufupikitsa njira. Yachiwiri, kumanga dzuwa. Yomaliza inali yobweza dzuwa kumene lachokera, koma imeneyo munkati simunaimalize, nkhondo inakuthamangitsani mayeso asanafike.

Ndiye munkatola mwala, kuulavulira pang'ono, n'kuuika pa mphanda ya bwemba uja wa pafupi ndi powolokera mtsinje wa Mwanza. Munkaloza dzuwa ndi chala ngati mukudzudzula mwana wa eni: "Ima pomwepo mpaka ndione denga langa." Lamulo lake linali loti dzuwa likamangidwa palibe kukhala pansi, palibe kucheuka, ukatero mfundo imasuka. Ha, mmene tinkathamangira! Ndinachita kukula ndi kukwatiwa ndisanazindikire kuti dzuwa linkangoyenda ulendo wake, amene munkawamanga ndife. Ndimazisowa njira zimenezo, Amayi, ndi fumbi lake lomwe.

Kenaka munamulemba sukulu mdzukulu wanu Esitere, mwana wanga, malipiro ake kukusisitani miyendo. Iye anaikhulupirira kuposa mmene ife tinkachitira. Tsiku lija tinakunyamulani pa ngolo kupita kuchipatala, iye anatsala pakhomo. Sindinadziwe kuti tinangochoka iye anathamangira ku bwemba kukaika mwala kuti tsiku lanu lisathe. Ndi timanja take tija, anangokwanitsa kamwala kongati dzira la nkhanga. Madzulo ake inu munatisiya.

Chichokereni maliro, mwana uja anazima. Chakudya ankangochitosa, kuseka analeka, aphunzitsi ake anandiuza kuti amangoyang'ana pazenera. Ine ndinkati ndi chisoni wamba, chidzatha chokha. Mwezi wathawu, ndikuchokera kumsika, ndinakweza maso pa bwemba uja. Mphanda yonse inali itadzaza miyala ikuluikulu, ina yoti ine ndemwe ndingavutike kuinyamula, nthambi yayamba kung'aluka. Nditafika kunyumba ndinaona zikhatho za Esitere zili zilonda zokhazokha, ndipo ndinamufunsa. Anayamba wakana, kenaka anati, "Mayi, mwala wanga unachepa. Ndikanaika waukulu, agogo sakanapita. Ndiye ndikuyesa kalasi yomaliza ija, mwina dzuwa libwerera."

Ndinakukwiyirani, Amayi, sindikubisirani. Ndinati taonani nthabwala zanu zikundidyera mwana, inu mwapita osatisiyira mayankho.

Loweruka lake Zuze anabwera kuchokera kuntchito kwake ku Kapichira. Mukumudziwa mwana wanu, chiyambireni kugwira mawaya a magetsi sakhulupirira chinthu chimene sangachiyeze ndi mita. Nditamufotokozera anati, "Achemwali, mwanayu auzidwe zoona basi. Sukulu imeneyo kulibe, sinakhalepo." Ndinavomera. M'mawa mwake tinapita atatu ku bwemba kuja, ine nditakonzeka kunena.

Titafika ndinatsegula pakamwa, mawu anakana. Kunena kuti sukuluyo kulibe kunali ngati kukuikaninso m'manda kachiwiri, pamaso pa mwana. Ndiye Zuze yemweyo, wa mamita uja, anagwada pafumbi n'kumugwira Esitere mapewa.

"Iwe Esitere, ukudziwa kuti tsiku lija njinga yamoto inandifera panjira?" anatero. "Ndinaisiya pa anthu n'kuyamba wapansi. Mumtima ndinali nditataya kale, ndimvekere agogo ako sindiwapeza. Koma ndikayang'ana kumwamba, dzuwa lili pomwepo. Ndiyende, ndiyang'anenso, lili pomwepo. Ndinafika kuchipatala kukuwalabe. Anandigwira dzanja, nandinena kuti ndanenepa ngati mlonda wa kubekale. Mpaka lero ndimadabwa kuti analimanga ndani dzuwa limene lija. Kani unali iwe?"

Esitere anafunsa, "Nanga bwanji linalowabe?"

Apo ndiye pakamwa panga panamasuka, ndipo amene anatuluka anali mawu anu omwe. Ndinati, "Agogo ankaliuza chiyani dzuwa? Ima mpaka ndione denga langa. Mwala sugwira dzuwa mpaka kalekale, mwanawe, umangolidikiritsa kuti wapaulendo afike. Amalume ako anafika. Agogo nawonso anafika kwawo. Mwala wako unagwira ntchito yake yonse."

Analira, Amayi, kulira kumene sanalire pamaliro. Ine ndinalira, Zuze anayang'ana kumbali n'kumanamizira fumbi. Atatonthola tinatsitsa miyala yonse umodziumodzi, Zuze namanga nthambi yong'aluka ija ndi luzi. Pansi penipeni pa mphanda tinapeza kamwala kake kaja, ndipo tinakasiya pomwepo. Pobwerera, tisanawoloke Mwanza, ndinamva kumbuyo kwanga, "Mayi, kunyumba kwatsala mbatata?" Chibadwire sindinamvepo funso lokoma chotero.

Za njinga yamoto n'zoona, mukudziwa nokha mmene anafikira thukuta lili kamukamu. Za dzuwa ndinamufunsa Zuze tili awiri, ngati linaimadi. Anangoti, "Achemwali, musandifunse za kusukulu kwa amayi, ine ndinalekezera kalasi yoyamba."

Mkwiyo uja unatha, musade nkhawa. Esitere akudya, zikhatho zapola, ndipo wayamba kale kumunong'oneza mwana wa Zuze kuti akadzayamba kuyenda adzamulembetsa. Choncho ndikulonjeza kuti sukulu yanu sitseka ine ndili moyo. Uhedi ndautenga ndine, ngakhale bodza silindikhala ngati mmene linkakukhalirani inu. Kalasi yomaliza yokha ndaichotsa, ana asamathyole nayo misana. Imeneyo mundisungire malo, tidzalembera limodzi mayeso ndikadzaona denga lanu.

Ndine mwana wanu wokukondani,
Chanazi