Mpando wa Ramadhani

Lifuwu, Salima
9 Malichi 1954

Okondedwa achimwene a Lenard,

Ndikhulupirira muli bwino ku Wanki kumeneko, pamodzi ndi alamu ndi ana. Kuno tilipo, kungoti amayi akudandaula mawondo. Mpunga wayamba kutulutsa ngala.

Kalata yanu yondiyamikira kuti ndakhala pulezidenti wa Bungwe la Alimi ndi Asodzi ndinailandira. Yatha mwezi ili m'thumba la jekete. Ndimalephera kuyankha.

Mukudziwa kuti pa mpandowu ndinapikisana katatu, ndipo katatu konse anandigonjetsa Ramadhani, mnzanga uja tinkawedza naye tili ana. Ine ndinkavala suti, n'kumalankhula mpaka mawu kusasa. Iye ankangoimirira ndi mkanjo wake wakutha, kunena mawu ochepa, anthu manja m'mwamba. Zinkandiwawa, achimwene.

Chaka chatha, nthawi ya chipolowe cha malimidwe, ndinalemba kalata yopanda dzina kupita ku boma. Ndinati Ramadhani ndiye akutuma anthu kugumula mizere m'minda. Linali bodza. Munthuyo ndi msodzi, ngakhale munda wa chimanga alibe. Apolisi anadzamunjata, mkazi wake Zuleka akuona, ndipo anakhala m'ndende miyezi isanu. Chisankho chinachitika iye ali komweko. Ndinalowa popanda wopikisana naye.

Watuluka mwezi watha, ataonda, akutsokomola. Makoka ake anawapeza ataola. Lachiwiri lapitali anabwera kwathu masana. Ndinamuikira mpando, koma iye anausiya n'kukhala pansi. Anati kalata ija anamuonetsa pomufunsa mafunso, ndipo kalembedwe kanga anakazindikira pomwepo, popeza makalata onse a bungwe ndinkamulembera ndine.

Ndinamufunsa chifukwa chake sanauze anthu. Anayankha kuti pa njala ya 1949 amayi athu anawagawira ana ake chinangwa, choncho sangawachititse manyazi atakalamba chonchi. Anati zotsalazo wazisiyira Allah. Kenaka anapempha madzi akumwa, anamwa, anatsazika.

Kuyambira tsiku limenelo sindinapitenso kunyanja. Ndikaona munthu wa mkanjo panjira ndimakhotera kumunda.

Loweruka lomaliza la Epulo kuli msonkhano waukulu wa bungwe. Ndaganiza zokaulula zonse pamaso pa anthu ndi kutula pansi udindo. Mkazi wanga Maria walira, akuti ana athu adzaloza kuti nkhope kusukulu. Akunena zoona. Koma ana a Ramadhani nawonso akhala akutchedwa ana a mkaidi.

Amayi sanamve kanthu. Mpaka lero amauza anzawo kutchalitchi kuti anabereka pulezidenti.

Chonde achimwene, pemphani tchuthi, mukwere sitima mubwere. Sindikupempha kuti mudzandilankhulire. Mudzangokhala pafupi ndi amayi pamene azidzamva, muwagwire dzanja, chifukwa langa sadzalifuna tsiku limenelo.

Mundiperekere moni kwa alamu ndi ana onse. Mulungu akusungeni m'migodimo.

Ndine mng'ono wanu,
Wilson