Mwana wa achimwene wandilemba m'buku lake

Aphungu,

Sindinapemphepo nzeru kwa munthu wa m'nyuzipepala, ndipo musaganize kuti ndayamba chizolowezi. Koma zimene ndawerenga Lamlungu lapitali zandiumitsa thupi, ndipo Lachisanu akufuna yankho langa.

Ndimasoka mayunifolomu a sukulu pa shopu ina. Tilipo azimayi asanu ndi mmodzi, makina asanu, nsimbi imodzi. Ndakhalapo zaka khumi ndi zinayi. Pa onsewo ndine ndekha amene ndinapondako ku yunivesite. Ndinasiyira chaka chachitatu, ndipo chifukwa chake si nkhani yanu.

Chaka chatha mwana wamkazi wa achimwene anga anafika kwathu kope lili kukhwapa. Akuphunzira za chikhalidwe cha anthu, zimene iwo amati antholopoloje. Anati, "Azakhali, ndikufuna ndichitire kafukufuku wanga kuntchito kwanu." Ndinaseka mpaka kutsokomola. Ndinati, "Iwe, maphunziro amenewo amachitira anthu a kutali, kumene galimoto sifika. Ife tili ndi mafoni, timakwera basi. Mwambo uupeza kuti, m'bobini ya ulusi?" Iye anati, "Paliponse pamene anthu amakumana tsiku ndi tsiku pamakhala malamulo osalembedwa, azakhali."

Ndinamulola. Ndinkaganiza kuti akufuna kumvetsa anzangawo, ndipo ndani akanamufotokozera bwino kuposa ine? Miyezi inayi anakhala pa kampando ka pafupi ndi nsimbi, akudula timaulusi totsalira ndi kulemba. Tikafika kunyumba ndinkamuthandiza: uyu ndi wamiseche, uyu tepi yoyezera amaiwerenga chozondoka, uyo mutu wake ndi wosungira tsitsi basi. Ankangoti, "Ehe, azakhali," n'kumalemba.

Tsopano buku latha. Wandipatsa kuti ndiwerenge, pamodzi ndi fomu yoti ndisayine kuvomereza kuti zimene analemba za ine zikhalemo. Anzanga asanu asayina kale. Ndikakana, mutu wachinayi wonse uchotsedwa, ndipo popanda mutu umenewo samaliza sukulu chaka chino.

Aphungu, mutu wachinayiwo ndine! Dzina wandisintha, koma ndi ndani wina amene amakhala pa makina a pawindo, amene sizasi yake sigwiridwa ndi munthu, amene amamwa tiyi yekha atawapatsa anzake msana? Ndi mmenemo ndadziwira kuti ndikatuluka anzanga amanditcha "Apulofesa". Izo ndikanameza. Chimene sindingameze ndi ichi.

Walemba kuti maso anga anayamba kufooka, ndipo makolala a malaya amene ndimasoka akumatuluka opotoka. Ndiye masana aliwonse, ine ndikapita pakhonde kukawerenga nyuzipepala, mmodzi wa anzangawo amamasula makolala angawo n'kuwasokanso bwana asanawaone. Anagawana masiku: Lolemba Amake Mapasa, Lachiwiri Wamabatani, mpaka Lachisanu. Wina amaima pakhomo kumaona ngati ndikubwera. Chaka ndi theka! Wobwera kumene amauzidwa tsiku loyamba, asanamuonetse n'komwe kumene kuli chimbudzi.

Tsambalo ndinaliwerenga katatu ndili chiimire. Amake Mapasa, amene ndimawawerengera mapepala a kuchipatala, akuti ananena za ine kuti, "Amatiwerengera makalata. Ine anandilembera ina, mwana wanga n'kubwerera kusukulu. Ukati uwathokoze amati, 'Ndi ntchito ya ife ophunzira.' Ndiye tiwabwezere bwanji? Timawabwezera chakumbali, asakuona."

Mwanayo walemba kuti umenewu ndi mwambo wa mphatso. Akuti munthu amene amangolandira osabweza amakhala pansi pa womupatsayo, choncho azimayiwa anapeza njira yobwezera kuti pa shopu pasakhale wamkulu. Pasakhale wamkulu! Ine kufanana ndi Wamabatani, amene amalemba dzina lake atatulutsa lilime?

Ndinamuimbira foni. Ndinati, "Ndakudyetsa miyezi inayi, iwe ukundisuzumira ngati chule wa m'botolo la asayansi?" Anati, "Azakhali, ndinakuuzani kuti ndilemba za onse." Ndinati, "Onse, osati ine!" Pomwepo ine n'kudula foni. Achimwene nawo aimba: "Mlongo wanga, usamutayitse mwana chaka."

Kuntchito sindinapite masiku awiri. Ndikawayang'ana ndi nkhope yanji anthu amene akhala akundimvera chisoni ine ndikuwaseka? Fomu ili pa tebulo. Kodi ndisayine kuti aphunzitsi ake, amene ena mwina ndinakhala nawo kalasi imodzi, aziwerenga za makolala anga?

E. T. N., mumzinda muno

Mayi E. T. N.,

Pepani, zapweteka ndithu. Inenso ndinaika kalata yanu pansi nditafika pa zogawana masikuzo. Koma mwafunsa ine, ndiye ndikuuzani mosazungulira.

Munkayesa mwambo ndi wa anthu ena. Taonani umene mwanayu waupeza pakati pa makina asanu: uli ndi masiku ake, mlonda wake, chinsinsi chake, ndiponso njira yolowetsera wachilendo. Palibe anaulemba, koma sunaphonyepo tsiku. Ntchito ya maphunziro akewo ndi imeneyo, ndipo miyambo yotere ili m'maofesi, m'mabasi, pa mzere wa kuchipatala, ngakhale m'magulu a pafoni. Wokhala m'katimo sauona. Inu munali pakati penipeni chaka ndi theka.

Mawu oti chisoni muwachotse. Womvera mnzake chisoni amachita poyera, amafuna kuthokozedwa. Awa amasiya chakudya chawo cha masana, nabisala, kuti inu musatsike. Akubweza zabwino zimene munawachitira, ndipo akubweza mwa njira yokhayo imene munawasiyira.

Mwanayu naye analakwa. Nkhani yolemera chonchi sapatsa munthu kuti akaiwerenge yekha. Ankayenera kukhala nanu pansi. Komanso ngati inu mwadzizindikira pa mzere woyamba, bwana wanu naye angazindikire, ndipo pamenepo ntchito ya nonse asanu ndi mmodzi ili pa moto. Pa ichi muli ndi ufulu wonse woumirira.

Muitaneni Lachisanu lisanafike. Khalani naye pa tebulo, cholembera chili m'manja mwanu. Asinthe mtundu wa zovala zimene mumasoka, windo lija, chiwerengero chanu, ndi dzina lakuti Apulofesa, mpaka pasakhale wina wotha kuloza shopuyo. Mufunseni ngati zonyoza zimene munkamuuza kunyumba zalowa m'bukumo. Ngati zilimo zichoke, pakuti anzanu akuyenera kutetezedwa kwa inu monga inu mukufunira kutetezedwa kwa buku. Ngati muli ndi mbali yanu, ilembeni tsamba limodzi, aiwonjezere. Zaka zitatu za ku yunivesite zikukwanirani pa ntchito imeneyo. Akachita zonsezi, sayinani.

Sabata yomweyi kayezetseni maso. Magalasi sachotsa ulemu wa munthu.

Mawa pitani kuntchito. Musakaitanitse msonkhano, musakafunse kuti anayambitsa ndani. Nthawi ya tiyi tembenuzani mpando. Masana akakwana, m'malo mopita pakhonde, tengani makolalawo mukawaike nokha pamaso pa mwini tsiku, muti, "Tandithandizani awa." Adzakuyang'anani modabwa. Mupirire.

Chenjezo langa ndi ili. Kukana n'kololedwa, fomuyo n'chifukwa chake ilipo. Koma mukakana, kanani chifukwa cha bodza, ndipo muloze tsamba lake. Kalata yanu ndaiwerenga kawiri, mayi. Mwamutcha mwanayu wosuzumira, mwamuwerengera miyezi imene munamudyetsa, koma palibe pamene mwanena kuti wanama.

Aphungu