Mitengo ya Mkamwini

Lolemba, 6 Ogasiti 2012

Tchuthi. Mwera, fumbi, chifuwa. Ndatsitsa katoni ya mabuku pamwamba pa kabati kuti ndikonzekere Fomu 2. Chiswe chalowa m'buku lobiriwira lija, chadya mapu a Asia yense, Africa chaisiya. Kaya nachonso chinaona kuti kuno kulibe chotsala.

Mabuku atatu a za kuchuluka kwa anthu. Bungwe lina linawasiya pasukulu mu 2001, aphunzitsi anzanga osawakhudza n'komwe. Ine kuwawerenga mpaka kuwaloweza. Ndiwo anandipatsa misala yodzala mitengo kukhwawa, kumapeto kwa munda wa mkazi wanga Bernadeta, kumene madzi ankakokolola nthaka chaka ndi chaka. Misangu, mithethe, mibawa isanu ndi umodzi. Zaka khumi ndi chimodzi tsopano.

Madzulo Bernadeta wandiuza kuti akwawo kwa Chifuniro, mnyamata wokonza njinga pa Golomoti uja, abwera Loweruka kudzafunsira mbeta mwana wathu Idah. Ndasangalala. Kenaka ndadzifunsa kuti mkamwini watsopanoyu adzalima pati.

Loweruka, 11 Ogasiti

Abwera. Mnyamata wofatsa, girisi m'zikhadabo ngakhale wasamba. Ankhoswe agwirizana msanga.

Alendo atachoka, alamu anga a Laisoni, eni mbumba ino, anatenga ndodo yawo n'kuzungulira munda wonse. Pamitengo yanga anaimapo nthawi yaitali. Anatapa dothi, analifikisa m'manja. "Nthaka yanona apa, alamu. Mwaisamala ndithu." Sindinawakonde mawu amenewo.

Lachitatu, 15 Ogasiti

Ndayeza munda ndi mapazi. Munda umene apongozi ankalima okha ndi malemu amuna awo unagawidwa panayi, kwa ana awo aakazi. Gawo la Bernadeta mapazi 90 mulitali, 55 mulifupi. Ana athu asanu ndi awiri, aakazi anayi, ndipo aliyense wa anayiwo adzabweretsa mwamuna pano. Chimanga chimatha Januwale asanathe. Feteleza naye wathawa m'manja chigwereni kwacha.

M'buku lakuda, limodzi la atatu aja, muli chithunzi cha mzere wokwera, wosonyeza mmene anthu akuchulukira. Chithunzicho sindichifunanso. Mzerewo umagona m'nyumba mwanga, pamphasa zitatu.

A Laisoni atumiza mawu: mitengo igwe, Idah amange pamenepo, alime pamenepo. Malo ena palibe. Ndikudziwa kuti palibe. Ndikudziwanso kuti zitsa zikangozulidwa, mvula ziwiri zokha khwawa lifika pankhokwe.

Anandichenjeza kalelo kuti mkamwini akadzala mitengo pamunda wa mkazi, anthu amati akufuna kulanda malo. Ine ndinaseka. Mwana wa ku Bembeke ndilande malo otentha ano ndipite nawo kuti?

Lamulungu, 26 Ogasiti

Manyazi. Ndilembe basi, mwina achepa.

Titachoka ku Misa mbumba yonse inakhala pakhonde pa apongozi. Ine ndinapita ndi buku lakuda m'khwapa, ngati katekisiti. Atandipatsa mpata ndinaimirira, ndinatsegula tsamba 41, ndinayamba kumasulira m'Chichewa. Kuti anthu amabereka koma nthaka sibereka. Kuti banja lililonse likamachulukitsa ana, nkhalango imatha, mitsinje imauma, minda imasanduka timizere. Ndinawaonetsanso chithunzi chija, mmodzimmodzi, ngakhale apongozi amene maso anachita khungu.

Anandimvetsera mpaka ndinamaliza. Kenaka a Laisoni, mofatsa: "Alamu, bukuli munaliwerenga musanabereke, kapena mutabereka?"

Kuseka kwake! Mpaka azilamu anga aakazi kugwirana mapewa. Bernadeta yekha maso pansi.

Yankho ndili nalo, koma sindinalinene. Anayi anabadwa ndisanawerenge. Atatu nditawerenga.

Agamula kuti nkhwangwa zilowe sabata yachiwiri ya mwezi wamawa.

Lachisanu, 31 Ogasiti

Ndalemba kalata ku komiti ya zachilengedwe ya m'dera lino. Masamba awiri, dzanja labwino, ziwerengero zochokera m'buku lobiriwira. Ndati mitengoyo ili m'mphepete mwa madzi, ikuteteza minda ya anthu ambiri, si yanga ndekha. Bodza mulibemo. Ndakaipereka ndekha panjinga.

Bernadeta ndamuuza kuti ndinapita kukapopetsa tayala.

Lachiwiri, 11 Sepitembala

Sukulu yatsegulidwa. Fomu 2 ana 94, mabenchi 23. Mawu anandithera isanakwane 11 koloko.

Ndikufika kunyumba ndapeza a komiti afika kale, anthu atatu ndi chitini cha utoto wofiira. Apaka mtengo uliwonse chizindikiro. Alengeza kuti wodulapo ayankha mlandu. A Laisoni anawalandira bwino, anawapatsa mipando, anawaperekeza mpaka kumsewu. Pobwerera anaima pamaso panga. "Mwapambana, aphunzitsi."

Aphunzitsi. Zaka makumi awiri ndi zisanu akhala akunditcha alamu.

Bernadeta wandiikira madzi osamba, wandiikira chakudya. Ndinayesa kufotokoza za kukokoloka kwa nthaka. Anangoti, "Nkhani ya m'nyumba mwakaipereka kwa anthu a utoto." Basi.

Komabe mitengo yatsala. Ndisaname, mtima wanga unakondwa pang'ono.

Loweruka, 29 Sepitembala

Sindinalembe. Panalibe cholemba. Pakhomo pano zii, ngakhale ana akuyenda monyang'ama.

Lero ankhoswe a Chifuniro abweranso. Akupempha chitengwa, kuti Idah apite kukakhala kwa mwamuna. Ati poti kuno malo asowa, amalume a mnyamatayo ali ndi munda waukulu ku Mozambiki, kupitirira Ulongwe, wosowa olima. A Laisoni avomera osakanako ngakhale kamodzi kamwambo. Ine sanandifunse. Sayeneranso kundifunsa, ana si anga pamwambo wa kuno, ndi a mbumba.

Bernadeta analira kuseri kwa khitchini. Mwana wamkazi woyamba sachoka pamudzi. Ndiye amene amamanga pafupi ndi mayi ake, kuwatungira madzi akakalamba, kuwasambitsa akadwala. Iye anachitira apongozi zimenezo, ankayembekeza kuti Idah adzamuchitira.

Ndaona pamapu a kusukulu. Mudzi umene akunenawo palibe.

Lachinayi, 11 Okutobala

Kutentha. Phunziro la lero: kusamuka kwa anthu chifukwa cha kuchepa kwa malo. Ndinalemba pabolodi zifukwa zisanu, ana anakopera. Pachifukwa chachitatu choko chinathyoka, ndinatuluka panja kukaima.

Nditaweruka ndinapita kwa a Laisoni. Ndinavula chipewa, ndinakhala pansi, osati pampando. Ndinati ndikabweza kalata ija, mitengo idulidwe, ndiyamba ndine. Anandiyang'ana opanda ukali, otopa ngati ine ndemwe. "Utoto uja mukaufufuta ndi chiyani? Ndipo ine ndapereka kale mawu kwa akwawo kwa Chifuniro. Ndikawalande?"

Idah ndinamupeza akusankha mpunga. Ndinayamba kulankhula. Anandidula. "Ababa, musavutike. Mitengo ija ndinkathirira ndine, ndi kachigubu kaja. Mwaiwala?"

Sindinaiwale. Anali ndi zaka khumi. Sindikudziwa ngati amandikhululukira kapena amandiwerengera mlandu. Anapitiriza kusankha mpunga wake.

Loweruka, 27 Okutobala

Ukwati. Anthu ambiri, mpunga wa ku Bwanje unakwana. Ndinavala jekete, thukuta mpaka m'nsapato. Anandipempha kulankhula monga bambo. Ndinati zikomo nonse pobwera, ndinakhala pansi. Ena anadabwa, amandidziwa kuti ndikagwira mawu sindisiya.

Bernadeta anavina. Anavina kwambiri, mopitirira, mpaka achemwali ake anamugwira mkono kukamukhazika.

Lolemba, 29 Okutobala

Apita. Matola a 7 koloko, njira ya Khwekhwerere. Matiresi, ndowa ziwiri, bokosi la masipanala, thumba la mbewu ya mpunga limene mayi ake anamukakamiza ngakhale kumeneko mpunga salima. Ati foni imagwira ukakwera pachulu china. Ati adzabwera pa Khirisimasi, ziphaso zikalola.

Ndinafuna kumupatsa kanthu. M'nyumba monse ndinapeza mabuku okha.

Galimoto itakhota, Bernadeta anatsala chiimire pamsewu. Ndinamudikira. Anabwerera njira ina.

Lachiwiri, 30 Okutobala

Kusukulu sindinapite. Mmawa ndinanola nkhwangwa, ndinatsikira kukhwawa. Ndinasankha mbawa waukulu, wa pakati uja, ndinayamba pa utoto penipeni. Aweruze amene aweruze. Manja a choko, matuza anaphulika msanga. Mtengo wolimba, maola awiri. Pogwa unathyola misangu iwiri.

Nditatembenuka, Bernadeta ali poteropo, ndowa pamutu. Kaya anafika nthawi yanji. Anayang'ana mtengo, anayang'ana manja anga. Anandilankhula, koyamba m'masabata asanu ndi awiri, ndi mawu abwinobwino, ngati akufunsa za mchere.

"Bambo a Idah, mukudulira ndani?"

Cholembera chikuvuta kugwira ndi matuzawa. Ndilekere pano.