Kamayiki Kamene Sanazimitse

Lachiwiri, 14 Meyi

Okondedwa achemwali,

Ndikhulupirira maphunziro akuyenda bwino kutali komwe muliko. Kuno miyendo ya mayi yayamba kulola, ndipo ana anu akudya ngati dzombe.

Ntchito yanga mukuidziwa: kutsekeredwa m'kachipinda kopanda zenera, kudula zithunzi za filimu ndi kutsuka mawu, kuchotsamo mphepo, agalu ndi njinga zamoto. Koma sabata ino makutu angawa andiputira mlandu.

Mtsikana amene akusewera ngati mkwatibwi mufilimu yathu timamubisira kamayiki m'bulauzi. Lamulo n'lakuti popita kopuma azizimitsa. Tsiku lina anaiwala, makina n'kumangojambulabe. Pomvetsera ndinamva chitseko cha galimoto chikutsekedwa, kenako mwamuna akuseka. Injini inkasokosa, ine mwachizolowezi n'kuyamba kuchotsa phokosolo. Achemwali, ndikanadziwa! Phokoso likamachepa, mawu aja amankera nafanana ndi a alamu, amuna anu, amene amayendetsa galimoto ya gulu lathu. Mpaka kakutsokomola kawo kaja asanayankhule.

Mtsikanayo akuti, "Nanga akazi anu akabwera?"

Mwamunayo akuti, "Uja ndi mabuku ake? Chaka chino sabwera."

Mwina si iwo. Amuna otsokomola ndi ambiri, ndipo ndabwerezabwereza mpaka makutu kuwawa. Koma nanga bwanji masiku ano alamu akumadzithira perefyumu pokanyamula makamera? Bwanji mtsikanayo akandiona akumakhotera kwina? Abwana anati ndifufute zonse zosalowa mufilimu. Ndinavomera ndi pakamwa pokha, sindinafufute.

Mayi sindinawauze, mukudziwa mtima wawo suchedwa kuthamanga. Ndikuopa kukupasulirani banja ndi mawu a m'makina, komanso ndikuopa kuti mawa mudzandifunsa kuti ndinakhaliranji chete. Zikundiwawa, achemwali. Bwerani mudzamve nokha, mawu a amuna anu mumawadziwa kuposa ine. Musadikire tchuthi.

Ana akuti moni, wamng'onoyo wagweruka dzino ndipo akukusungirani. Mayi akuti muzivala zofunda. Alamu nawonso akupereka moni. Dzulo analowa m'kachipinda kanga koyamba chiyambireni ntchito, atandigulira chakumwa chozizira. Anayamikira makina, anayamikira mpando, kenako pochoka n'kundifunsa ngati kamayiki kaja kamamva ngakhale mawindo a galimoto atatsekedwa.

Ndine mlongo wanu,
mzime wa mayi